Nambala ya m'buku la Tiyanjane

"Mateyu ndi ndani?"

A Vitus, amuna anga, anafunsa ataima pakhomo la chigafa cha fodya, foni yanga ili m'manja mwawo. Ine ndinali pamkeka ndikuswa mtedza, mwana wathu Tiyanjane atatsamira mwendo wanga. Foniyo ndinaisiya pa sola kuti ichaje, ndipo inalira iwo ali pafupi.

"A Mateyu mwawaiwala? A ku Chipata aja, ogula mtedza. Chaka chatha munawathandiza kukweza matumba, anakupatsani chipewa chili kumutu kwanucho."

"Ndiye wogula mtedza amayamba n'kufunsa kuti mwadzuka bwanji mayi?"

"Nanga afunse kuti mtedza wadzuka bwanji?"

Sanaseke. Anavula chipewa chija n'kuchiponya pa mulu wa makoko.

"Katatu sabata ino."

"Katatu, eya. Lolemba anafunsa ngati wauma. Lachitatu anati abwera ndi sikelo yawo, ine ndinati tiyezera yanga. Za lero sindikudziwa, poti mwayankha ndinu n'kumangopumira m'foni ngati ng'ombe."

"Pakamwa pakopo, Esitele. Utsi sufuka popanda moto. Pa Waliranji anthu akundiseka, akuti foni ya mkazi wa Vitus siizizira."

"Akusekawo ndi aja mumakhala nawo pa bawo? Akazi awo mafoni alibe, mtedzanso alibe."

"Chabwino. Nambala iyi ndi yanga, inalembedwa m'dzina langa. Ndikangomaliza kumanga mabelo ndikupita ku boma kukaitseka."

Manja anga anaima m'lichero.

Foniyo ndinagula ndekha. Koma chaka chimene ankati nambala iliyonse ilembetsedwe ndi chiphaso, ine ndinali ndi zaka khumi ndi zisanu, nditangosiya sukulu n'kulowa m'banja, chiphaso ndilibe. A Vitus anapereka chawo. Tsiku limenelo ndinawathokoza.

"Bambo a Tiya," ndinatero mawu nditatsitsa, "nambala imeneyo ndi imene ili kuchipatala."

Tiyanjane anabadwa ndi mlomo wong'ambika, kuyambira pamphuno mpaka m'kamwa. Anali ndi zaka ziwiri ndi theka, koma akamamwa phala lina linkatulukira m'mphuno, ndipo akati amama zinkamveka ngati akulankhulira m'botolo. Mu Febuluwale ndinapita naye ku chipatala china ku Lilongwe. Anamuyeza, anamulemba dzina. Anati madokotala osoka milomo amabwera kamodzi pachaka, nyengo yozizira, ndipo amakhala sabata imodzi yokha. "Tidzakuimbirani pa nambala mwalembetsayi. Ikapanda kupezeka malo apita kwa mwana wina, chifukwa ana ndi ambiri." Tsopano tinali mu Juni. Foni ndinkapita nayo kumjigo, kumunda, ngakhale m'tchalitchi sindinkaizimitsa.

"Kwathu kulibe wobadwa ndi mlomo wotero," anatero a Vitus, maso ali kumbali. "Mwina a Mateyu akudziwa kumene unachokera."

Ndinamutseka mwana makutu ndi manja anga.

"Bwerezani."

"Wamva."

"Mphumi iyi ndi ya ndani? Zala izi? Mayi anu omwe amati akamuona kumbuyo amaona inu muli wamng'ono."

Anaponya foni pamkeka. "Tenga chigoba chako. Cham'kati n'changa."

Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Tsiku lomwelo ndinatsegula buku la kuchipatala la mwana, ndinapeza nambala ya ofesi pa chidindo. Ndinaimba kanayi osayankhidwa. Kachisanu anayankha bambo wina, kumbuyo kwake kuli phokoso la anthu. Anati mndandanda wa anawo uli ndi anesi ake, iye sakhala nawo, koma nditchule nambala ina aona. Ndinatchula ya malume anga, a Benedict, a ku Ludzi. Anati chabwino ndisanamalize manambala awiri omaliza. Ndiponso foni ya malume imakhala m'thumba la jekete la kutchalitchi, imayaka Lamulungu lokha.

Ndinaganiza zogula simu ina m'dzina langa. Ndinatsegula chitini chimene timasungamo mapepala, chiphaso changa mulibe. Ndinakumbukira kuti a Vitus anachitenga nthawi ya feteleza wotsika mtengo, ndipo sichinabwererenso. M'mudzi mwawo muja sizachilendo. Ziphaso za akazi zimagona m'mawaleti a amuna.

"Chiphaso changa chili kuti?" ndinawafunsa akusankha fodya.

"Chikusungika bwino."

"Ndikuchifuna."

"Ukachite nacho chiyani? Ukuwoloka bodala?"

Lachiwiri ndinanena kuti ndikupita kusikelo ya mwana, koma pa Waliranji ndinakwera minibasi ya ku boma. M'shopu ya kampani ya foni ndinaima pamzere mpaka miyendo inawawa. Pakauntala panali mtsikana wa msinkhu wangawu, pa baji pake polembedwa kuti Thandiwe.

"Ndikufuna nambala iyi ichoke m'dzina la amuna anga, ilowe m'dzina langa."

Anagogoda pa kompyuta. "Pano pali a Vitus. Abwere eni akewo ndi chiphaso chawo, inunso ndi chanu, musainirane."

"Akakana?"

"Ndiye palibe chimene ndingachite, mayi."

"Nanga akabwera kudzaitseka, mungawakanize?"

"Ayi. Mwini nambala akati tsekani, timatseka."

"Zaka zisanu ndi chimodzi woikamo mayunitsi ndine. Iwo sanaikemo ngakhale kamodzi. Kompyuta yanuyo siikuona zimenezo?"

"Imaona dzina lokha."

Anayang'ana Tiya kumsana kwanga. Tikamayenda pagulu ndinkamuphimba kukamwa ndi kansalu, chifukwa cha fumbi komanso chifukwa cha maso a anthu. Ndinamufotokozera mtsikanayo za kuchipatala. Anamvetsera osandidula, ngakhale mzere kumbuyo unayamba kung'ung'udza.

"Ndinu wachitatu mwezi uno," anatero. "Wina anali wamasiye, nambala ili m'dzina la malemu. Lamulo ndi limodzi, mayi: mwini wake yekha. Ine ndikalidumpha ntchito yatha. Yesani ankhoswe."

Ankhoswe anakumana Lamulungu titaweruka kutchalitchi, pansi pa mtengo wa mango kuseri kwa nyumba. Kumbali kwanga kunali malume a Benedict, amene anapalasa njinga kuchokera ku Ludzi. Kumbali kwa amuna anga kunali achimwene awo, a Felix. Apongozi anga sanaitanidwe, koma anabweretsa kampando n'kukhala pamthunzi womwewo, ngati akungosenda chinangwa.

Anayamba ndi a Felix. "Ife kuno sitikudana ndi alamu athuwa. Ndi wolimbikira ntchito, aliyense akudziwa. Koma mafoniwa athetsa mabanja ambiri. Mwamuna ali m'chigafa, mkazi akuseka ndi munthu wosaoneka. Atambala awiri salira m'khola limodzi."

"Tambala winayo ali ndi zidzukulu, alamu," ndinatero. "Mano ake atsala anayi."

"Esitele," anatero malume, "dikira nthawi yako."

Ndinadikira. A Vitus analankhula nthawi yaitali. Anati ndimayankha foni ndikutuluka panja. Zoona, chifukwa m'nyumba mwathu netiweki siigwira, umayenera kukaima pafupi ndi nkhokwe. Anati ndikagulitsa mtedza ndimayenda ngati mwini mudzi. Anati mkazi wa chitengwa ayenera kudziwa kuti ali pakhomo pa eni. Za mwana sanatchule ngakhale kamodzi.

Nthawi yanga itakwana sindinafune kutaya mawu.

"Malume, alamu, ine za a Mateyu ndazisiya. Akadzatenga matumba ali m'nyumbawa, basi, ndipeza wogula wina, ngakhale wamkazi. Foni ndi iyi. Bambo a Tiya achotse simu, aike m'foni mwawo, aziyankha okha aliyense woimba. Ine sindiikhudzanso. Chimene ndikupempha n'chimodzi: nambala ikhale yamoyo mpaka achipatala aimbe. Akangoimba, mawa lake akaitseke, ndikawaperekeza ndine."

Malume anagwedeza mutu. "Pamenepa mwana wanena zanzeru."

"Ndiziyankha zibwenzi zake ine?" anatero a Vitus.

"Ngati ziliko, simuzigwira bwino pamenepo?"

A Vitus anayang'ana kwa achimwene awo. Apongozi ndiwo anaika mpeni pansi.

"Inu mukuzungulira. Nkhani ndi ya mwanayu. Mwana analengedwa choncho, ndiye wina akufuna kukakonza ntchito ya Mulungu ndi singano. Ana amapita kumpeni osabwerako. Akakafera ku Lilongwe, maliro adzanyamule ndani?"

"Amayi, wa a Linda uja wa kwa Zulu anamusoka chaka chatha. Ndinamuona ndi maso anga akuyimba mluzu."

"Wa a Linda ndi wa a Linda."

"Ndipo akapita kumeneko akakhala masabata angati?" anatero a Vitus. "Fodya ali m'chigafa. Asankhe ndani? Mayi akukalamba."

"Ndiye ndi fodya," ndinatero. "Poyamba anali a Mateyu, kenako magazi a kwanu, tsopano ndi fodya. Tiuzeni chimodzi kuti tidziwe chimene tikuweruza."

"Mukumva, malume? Ndi mmene amandiyankhira."

Malume anatsokomola. Ndi munthu wofatsa, ndipo anali pakhomo pa eni, atamwa kale thobwa lawo.

"Banja ndi kupirira, mwana wanga. Mwamuna ndiye mutu. Koma inunso a Vitus, nkhuyu zodya mwana zimapota wamkulu. Mwanayu akadzakula adzafunsa. Tigawane pakati. Nambala ikhale mpaka mwezi uno uthe. Mwezi ukatha achipatala asanaimbe, mwini wake achite zimene akufuna."

"Akaimba pa wani Julayi?" ndinafunsa.

"Esitele, kuona maso a nkhono n'kudekha."

A Felix anavomera. A Vitus anati, "Ndamva." Anagwirana chanza, malume anakwera njinga yawo. Ine ndinawerenga masiku pa zala: anatsala khumi ndi asanu ndi limodzi.

Masiku anayi anadutsa foni ili chete. Ndinkasankha fodya m'chigafa, foni ili m'chitenje pamimba, ndipo tsamba likangokhuza ndinkadzidzimuka. Ndi a Vitus tinkalankhulana za mchere ndi za nkhuni basi.

Lachinayi a Mateyu anabwera ndi kagalimoto kawo kudzatenga matumba. Sindinaseke nawo, sindinawapatse mpando. Tinayeza, anakweza. Koma pochoka, Tiya anatuluka m'nyumba wopanda kansalu kake, akuthamangitsa nkhuku. Mdala uja anawerama n'kumunyamula, anamukweza m'mwamba, amvekere m'kalankhulidwe kawo ka kutsidya, "Ka mami aka kakula bwino, kalema monga thumba ya nshawa." Tiya anaseka ndi mlomo wake wonse.

A Vitus anali pakhomo la chigafa. Kuyambira tsiku limene mwanayu anabadwa anali asanamunyamulepo pamaso pa anthu. Ndinaona nsagwada zawo zikugwedezeka, ndipo ndinadziwa kuti mawu a ankhoswe afera pomwepo.

Lachisanu m'mawa ndinawapeza akupukuta nsapato. Mabelo anali asanathe.

"Mukupita kuti?"

"Kukagula chingwe."

"Chingwe chili pa Waliranji. Nsapato zimenezo ndi za ku boma."

Ananyamuka. Atangokhota pa mjigo, ndinalowa m'nyumba. Ndinatenga zovala za mwana, bulangete, kapoto, ufa pang'ono, buku la kuchipatala ndi ndalama za mtedza zija, ndinamanga m'chitenje. Apongozi anandiona ndikubereka mwana.

"Katundu yenseyo ngwa kuti?"

"Kuchigayo, amayi."

"Ndi bulangete?"

"Kukuzizira."

Kabaza anandisiya pamsewu minibasi ya a Vitus itangonyamuka. Ndinakwera yotsatira. Njira yonse foni inali m'dzanja langa, ndikuyang'ana timizere ta netiweki ngati munthu woyang'ana mpweya wa wodwala.

Ndinawapeza m'shopu ya foni ija, atatsala anthu awiri kuti afike pakauntala. Ndinaima kumbuyo kwawo. Anatembenuka, anaona ine, anaona mtolo.

"Ukufuna chiyani kuno?"

"Ndinalonjeza pamaso pa ankhoswe kuti ndidzakuperekezani."

"Bwerera."

"Msewu ndi wa boma."

Pakauntala panali Thandiwe yemwe uja. Anandizindikira, koma nkhope yake sinasinthe.

"Ndikufuna kutseka nambala," anatero a Vitus, n'kuitchula pamtima.

"Yatayika, bambo? Ngati yatayika tingathe kukupatsani simu ina, nambala yomweyo."

"Siinatayike. Ndati itsekedwe."

"Palinso njira ina. Ngati simukuifuna, mungaisiyire amene akuigwiritsa ntchito. Fomu yake ndi iyi, mungosaina apa."

"Achemwali, munakulembani ntchito yolangiza mabanja?"

Bambo wina wa chipewa cha mlonda anati chapansipansi, "Musiyireni mayiyo, akulu." A Vitus anachita ngati sanamve.

Ndinamasula chitenje, ndinatsitsa Tiya, ndinamukhazika pakauntala pakati pa iwo ndi kompyuta. Kenako ndinachotsa kansalu kaja kukamwa kwake. Sindinachitepo zimenezi pagulu. Ndinamva mayi wina kumbuyo akukoka mpweya.

"Tsekani," ndinatero. "Koma muyambe mwamuuza uyu. Muuzeni kuti madokotala akaimba sapeza munthu. Muuzeni kuti adikire chaka china, phala lizitulukabe m'mphuno. Ndi wanu, akumvani."

Tiya anatambasula manja kwa bambo ake. Anayesa kunena kuti ababa, mawu anatulukira m'mphuno. A Vitus anayang'ana kalendala ya pakhoma. Khosi lawo linali thukuta ngakhale kunali kozizira. Ndikhulupirira kuti tikanakhala awiri m'munda mwina akanagonja. Koma panali anthu, ndipo mwamuna amene wanena pa bawo kuti akatseka nambala amaopa abwenzi ake kuposa mmene amaopera Mulungu.

"Wandichititsa manyazi mokwanira," anatero. "Achemwali, tsekani."

"Chiphaso chanu, bambo."

Anatulutsa waleti. Ziphaso ziwiri zimene zinagona pamodzi miyezi isanu ndi iwiri zinali zitamatirirana. Zinagwera pakauntala zonse. Asanatole, Thandiwe anali ataika kale dzanja pamwamba pake. Anazilekanitsa ndi chikhadabo, anayang'ana china, anayang'ana ine.

"Ichi si chanu."

"N'cha mkazi wanga. Bweretsani."

"Nkhope ili apa ndi ya mayiwa. Lamulo ndi lomwe lija, bambo: mwini wake yekha."

Anandipatsa m'manja. Ndinachilowetsa m'bulauzi, mkati mwenimweni. Bambo wa chipewa uja anaseka, wina anaombera m'manja kamodzi n'kuleka.

A Vitus anasaina fomu yawo mokanikiza mpaka pepala linabooka. Thandiwe anagogoda pa kompyuta pang'onopang'ono, ngati akuyembekeza kuti wina anena kanthu. Ndinaika foni pakauntala kuti tonse tione. Timizere tinakhala kanthawi, kenako tinazimirira tonse. Zaka zisanu ndi chimodzi zinathera pomwepo.

"Wotsatira," anatero Thandiwe.

"Wotsatira ndine," ndinatero. "Ndikufuna simu yatsopano. Chiphaso ndili nacho."

Anandijambula, ndinasaina dzina langa. Ndinabwereka cholembera chake, ndinatsegula buku la Tiya tsamba loyamba, ndinadula mzere pa nambala yakale n'kulemba yatsopano pansi pake, manambala akuluakulu.

A Vitus anandidikira panja. "Wakhuta? Tiye kunyumba. Tikakambirana kumeneko."

Ndinawatsatira ku depoti. Kuchokera ku boma, msewu wa kwathu ndi wa ku Lilongwe ndi umodzi. Tinakwera minibasi imodzi, iwo kutsogolo, ine kumbuyo kwenikweni ndi mwana ndi mtolo. Kondakitala atafika kwa ine ndinamunong'oneza kumene ndikupita.

Pa Waliranji a Vitus anatsika, anaima pambali kudikira. Anatsika mayi wa nkhuku, anatsika mphunzitsi wina. Ine ndinakhala. A Vitus anabwera pawindo.

"Tsika."

"Ndalipira ya ku Lilongwe."

"Esitele, usandiyese. Ukapitirira pano usadzapondenso pakhomo panga."

"Foni mwatseka, ndiye sangandipeze. Ndikupita kuti akandipeze pa benchi."

"Akulu, mukukwera kapena mukutsala?" anafunsa kondakitala. "Mpando ulipo."

Ndinawayang'ana. Mpando unalipodi, pafupi ndi ine. Tiya anamenya galasi ndi kadzanja kake. A Vitus anabwerera m'mbuyo phazi limodzi, chitseko chinatsekedwa.

Tinafika ku chipatala ofesi atatseka, ndipo Loweruka ndi Lamulungu sinatsegulidwe. Tinakhala m'shedi ya odikirira odwala, ndikuphika pa mafuwa a eni. Lolemba m'mawa ndinali woyamba pakhomo. M'khonde munali kale amayi ambiri, aliyense ndi mwana wa mlomo ngati wa Tiya. Madokotala anali atafika.

Nesi wamkulu, a Stelia, anayendetsa chala pa mndandanda. Chinaima pa dzina la mwana wanga. Linali litadulidwa ndi pensulo.

"Tinaimba Loweruka m'mawa, kawiri. Foni inkati nambala imeneyi kulibe. Malo tinapereka, mayi."

Tsiku limodzi. Akanapukuta nsapato zija Lolemba, bwenzi zonse zili bwino. Ndinagwira tebulo.

"Pensulo imafufutika, anesi."

"Ndifufute mwana wa ndani? Taonani m'khondemo, musankhe."

Ndinayang'ana m'khonde. Sindikanatha kusankha.

"Ndiye ndikhala pa benchi iyo."

"Sindikukulonjezani kanthu."

"Sindinapemphe lonjezo. Ndapempha benchi."

Ndinakhala pa benchi ija Lolemba, Lachiwiri, Lachitatu. Ana ankalowa kukagonekedwa tulo, ankatuluka ndi pulasitala pamlomo. M'mawa uliwonse Tiya sindinkamupatsa phala mpaka dzuwa litapendeka, chifukwa ndinamva anesi akuuza amayi ena kuti mwana wolowa kwa madokotala asadye kanthu. Ankalira, ine ndinkamuyendetsa m'khonde. A Stelia ankadutsa osandiyang'ana.

Lachinayi chakumasana, tsiku limodzi madokotala asananyamuke, mwana wina wa ku Dowa anapezeka ndi chifuwa, anati sangamugoneke. A Stelia anatuluka ndi mndandanda, anaima patsogolo panga.

"Wadya chiyani lero?"

"Palibe."

"Chichokere liti?"

"Dzulo madzulo."

Anayang'ana mndandanda uja. Kenako anatembenuza pensulo yawo, mbali ya labala.

Tsopano tili kwa amayi anga ku Ludzi. Ulusi anachotsa, patsala kamzere kofiira pansi pa mphuno. Anati m'kamwa adzamalizitsa chaka chamawa, ndipo nambala imene ali nayo ndi ya m'dzina langa. Dzulo Tiya anamwa tiyi m'kapu, theka lonse linapita kumene liyenera kupita.

Sabata yatha malume a Benedict anabwera ndi uthenga. Anati a Vitus fodya anagulitsa, mtima watsika, akufuna tikambirane. Anati akupempha nambala yanga yatsopano kuti aziimba.

"Ndiwauze chiyani, mwana wanga? Madzi akatayika saoleka, koma banja ndi banja."

"Muwauze kuti nambala sindinabise, malume. Ili m'buku la kuchipatala la mwana wawo, tsamba loyamba. Abwere masana anthu akuona, amunyamule, atsegule bukulo, akopere."

Buku lili pawindo. Pamwamba pake payamba kugwa fumbi, ndipo ine sindikupukuta.